GULO WA KWATHU NDI ABALE AKE A M'CHIPULULU

Pakati pa zolengedwa zimene timakhala nazo pafupi, n'zochepa zimene zimagendedwa popanda mlandu ngati gulo. Mwana akangophunzira kukoka legeni, woyamba kumuyesera dzanja amakhala gulo. Akuluakulu nawonso sadzudzula, poti ambiri amati kanyamaka n'kaululu. Koma kodi ndi angati mwa ife amene adayamba aimapo ndi kumuyang'anitsitsa? M'nkhani ino ndikufuna kuti timudziwe gulo: thupi lake, chakudya chake ndi malo amene amakhala. Kuti timumvetse bwino, tiyamba tapita kutali, ku zipululu za maiko ena kumene kuli abale ake aminga. Tikabwerako kumeneko ndipo tidzakambirane za magulo a kwathu ku Nkhoma, ku Nathenje ndi ku Mitundu.

Gulo ndi wa banja liti?

Makolo athu adasiyanitsa kalekale tinyama ta mtundu umenewu. Pali buluzi wosalala uja amene amathamanga pakhonde, pali nalimata amene amayenda pakhoma usiku, pali nanzikambe, pali ng'azi ya kumtsinje, ndiye pali gulo. Akatswiri a zamoyo nawonso amazigawa m'mabanja, ndipo banja la gulo amalitcha Agamidae. Banja limeneli lili ndi mitundu yoposa 400, ndipo limapezeka mu Africa, ku Asia, ku Australia ndi mbali zina za kumwera kwa Ulaya.

A m'banjali amadziwika ndi mutu waukulu, mamba okhakhala, miyendo yamphamvu ndi zikhadabo zakuthwa. Mano awo sakhala m'maenje ngati athuwa, koma amamatirira pamwamba pa fupa la nsagwada. Nanzikambe naye mano ake ndi otero, ndipo pa abale onse iyeyo ndiye wapafupi ndi banja la gulo. Nchifukwa chake tisadabwe tikamaona gulo akusintha mtundu wa khungu lake.

Pali chinthu chimodzi chimene tiyenera kuchimvetsa tisanapitirire. Thupi la munthu, la mbuzi kapena la nkhuku limadzipangira lokha kutentha kuchokera ku chakudya. Thupi la gulo silitero. Kutentha kwake amakutenga ku dzuwa. Kukazizira amafooka, satha kuthamanga, ndipo ngakhale chakudya sichigayika bwino m'mimba mwake. Motero m'mawa uliwonse ayenera kuyamba waothera dzuwa asanagwire ntchito ina iliyonse. Zimenezi zingaoneke ngati tsoka, koma zili ndi phindu lake. Popeza sawononga chakudya pofunditsa thupi, gulo amadya zochepa kwambiri poyerekeza ndi mbewa ya msinkhu wake. Ichi ndicho chinsinsi chimene chimathandiza abale ake kukhala m'chipululu, kumene chakudya n'chosowa.

Wamchira waminga wa ku Sahara

Mbale woyamba amene ndikufuna kuti timuone amakhala m'chipululu cha Sahara kumpoto kwa Africa, ku Egypt, ku Arabia mpaka ku Iran. Dzina lake la sayansi ndi Uromastyx, kuchokera ku mawu awiri a Chigriki otanthauza mchira ndi chikoti. Aluya amamutcha dabb. Wamkulu pa onse a mtundu umenewu, amene amapezeka ku Egypt ndi ku Arabia, amatalika mpaka masentimita 75. Thupi lake ndi lophwaphwatika, ndipo mchira wake ndi wonenepa, wokhala ndi mizere ya minga yozungulira kuyambira kutsinde mpaka kunsonga.

Tangoganizani za malo amene iyeyu amakhala. Kwathu kuno m'boma la Lilongwe timalandira mvula ya mamilimita pafupifupi 800 kapena 900 pachaka. M'madera ambiri a Sahara mvula siifika ngakhale mamilimita 100, ndipo chaka chimatha kutha osagwa ndi dontho lomwe. Masana mchenga umawotcha, usiku kumazizira koopsa. Nanga kanyamaka kamapulumuka bwanji?

Choyamba, amakumba una wautali mamita angapo m'nthaka yolimba kapena pansi pa miyala. M'kati mwa unawo mumakhala mozizirira masana ndi mofunda usiku. M'mawa amatuluka ali wakuda, pakuti chakuda chimamwa dzuwa msanga. Thupi likafunda kufika pa madigiri pafupifupi 40, khungu limayera ndipo amayamba kufuna chakudya. Dzuwa likafika paliwombo amabwerera kuuna.

Chachiwiri, mosiyana ndi abale ake ambiri, iyeyu akakula amadya masamba, maluwa ndi njere. Madzi ake ambiri amawapeza m'zomera zomwezo, kotero kuti samwa kawirikawiri. Koma zomera za m'chipululu zimakhala ndi mchere wambiri, ndipo kuti nyama ichotse mchere kudzera mumkodzo pamafunika madzi ochuluka. Tsono iyeyu ali ndi tiziwalo tina m'mphuno timene timasefa mcherewo ndi kuutulutsa, mwakuti nthawi zina m'mbali mwa mphuno zake mumaoneka mbuu. Nyengo ya chakudya chambiri amasunga mafuta m'thupi ndi kumchira, ndipo amenewo ndiwo nkhokwe yake pa nthawi ya chilala.

Chachitatu ndi mchira uja. Mdani akamuvumbulukira, amathawira kuuna mutu uli patsogolo, ndipo mchira waminga umatsala cha kukhomo ngati chitseko. Akafuna kumukoka, iye amadzitukumula ndi mpweya kuti athinane ndi makoma a unawo. Akamupeza poyera amakwapula ndi mchira womwewo.

Anzanga amene mumakonda Malembo Oyera mungakondwe kumva kuti pa mndandanda wa tinyama tokwawa totchulidwa m'buku la Levitiko mutu 11, ndime 29 ndi 30, pali dzina la Chihebri lakuti tsav. Dzinali ndi lapachibale ndi dabb wa Aluya uja, ndipo akatswiri ambiri amati likunena za kanyama komweka, kamene Aisraele ankakaona m'chipululu.

Ngakhale ali ndi zida zonsezi, kwa munthu alibe mphamvu. Anthu ena a ku Arabia amamudya, ndipo amalonda amamugwira kukagulitsa kwa anthu oweta tinyama m'nyumba ku Ulaya ndi ku America. Kaamba ka ichi, malonda a Uromastyx amayang'aniridwa ndi pangano la maiko lotchedwa CITES, limene lidasainidwa ku Washington m'chaka cha 1973, ndipo dziko la Malawi lidalowamo m'chaka cha 1982.

Womwa madzi ndi khungu wa ku Australia

Mbale wachiwiri amakhala m'zipululu za mchenga za pakati ndi kumadzulo kwa Australia. Ndi wamng'ono, kutalika kwake ndi masentimita 20 basi, koma thupi lonse ndi minga yokhayokha: pamutu, pamsana, m'miyendo mpaka kumchira. Katswiri wa ku England dzina lake John Edward Gray adamutcha Moloch horridus m'chaka cha 1841. Moloch ndi Moleki uja, fano loopsa lotchulidwa m'Chipangano Chakale, ndipo ife ophunzira Chilatini tikudziwa kuti horridus ndi chinthu cha nyankhalala, choimitsa tsitsi. Komatu dzinali n'longomunamizira. Kanyamaka n'kofatsa, kamayenda pang'onopang'ono monjenjemera ngati nanzikambe, ndipo sikaluma munthu.

Chakudya chake ndi nyerere zokha. Amaima pambali pa njira ya nyerere ndi kumazitola imodziimodzi ndi lilime, ndipo pa tsiku limodzi amatha kudya zoposa 1,000. Pakhosi pake kumbuyo pali chotupa chaminga chooneka ngati mutu wachiwiri. Akaopsedwa amaweramitsa mutu weniweni pakati pa miyendo yakutsogolo, ndipo mdani amangoona mutu wabodzawo.

Chodabwitsa koposa ndi kamwedwe kake. Pakati pa mamba ake pali timingalande tating'onoting'ono tolumikizana thupi lonse mpaka kukafika kukamwa. Akaima pa mchenga wonyowa, kapena madzi a mvula akamukhudza, madziwo amayenda okha m'timingalandeto, monga momwe palafini amakwerera m'chingwe cha koloboyi popanda womukankha. Akafika pakamwa, iye amangotakasa nsagwada ndi kumeza. Kunena zoona, kanyamaka kamatha kumwa madzi ndi mapazi.

Taonani tsono kuti pa nyama ziwirizi palibe chiwalo chimene chili chachabe. Minga, mchira, mphuno, mtundu wa khungu, zonse n'zogwirizana ndi malo amene nyamayo imakhala. Mfundo imeneyi tiisunge pamene tikubwerera kwathu.

Magulo atatu a kwathu

Kwathu kulibe chipululu, koma kuyambira mwezi wa Meyi mpaka Okutobala mvula siigwa, udzu umauma, ndipo mitsinje ing'onoing'ono imaphwa. Motero gulo wathu naye amadziwa kusunga madzi. Ngati mudaonapo chitosi cha gulo kapena cha nalimata, mudaona kuti kunsonga kwake kumakhala koyera ngati chitosi cha nkhuku. Choyeracho ndiwo mkodzo wake. M'malo motaya madzi monga ife, amautulutsa uli wouma.

Ambiri timangoti gulo ndi gulo, koma m'Malawi muno muli mitundu ingapo. Ine nditchula itatu, ndipo uliwonse uli ndi malo akeake.

Woyamba ndi gulo wa mumtengo, uja wa mutu wobiriwira ngati thambo, amene tonse timamudziwa. Wamwamuna wamkulu amatalika masentimita oposa 30 kuphatikiza mchira. Dzina la mtundu wake ndi Acanthocercus, ndipo m'Chigriki limatanthauza mchira waminga. Mukamuyang'ana pafupi mudzaona kuti mamba a kumchira kwake ndi osongoka, ndipo pamsana pali timinga tina tomwazikana. Mu 1849 Andrew Smith adatcha gulo wa mumtengo wa kumwera kwa Africa atricollis, kutanthauza wa khosi lakuda, chifukwa cha banga lakuda limene lili cha paphewa. Kwa zaka zambiri anthu ankayesa kuti magulo onse a mumtengo a chigawo chino cha Africa ndi mtundu umodzi, koma m'chaka cha 2012 akatswiri adapeza kuti wa ku Chipata, kungodutsa malire a Mchinji, ndi mtundu wapadera, ndipo adamutcha Acanthocercus branchi. Izi zikutionetsa kuti ngakhale pa zinthu za pakhomo pathu penipeni, zilipo zambiri zofunika kufufuza.

Wachiwiri ndi gulo wa pathanthwe, Agama kirkii. Dzinali lidaperekedwa mu 1885 pokumbukira John Kirk, dokotala amene adayenda ndi David Livingstone pa ulendo wa mumtsinje wa Zambezi ndi Shire. Wamwamuna amakhala ndi mutu wofiirira ngati lalanje. Iyeyu amakonda matanthwe oonekera dzuwa, monga amene ali m'phiri la Nkhoma ndi m'timapiri tamiyala ta m'dera lathu. Akaona mthunzi wa kabawi amalowa mumng'alu wa mwala mwa kanthawi kochepa.

Wachitatu ndi gulo wapansi, Agama armata, ndiye kuti wonyamula zida. Adamulemba koyamba ndi Wilhelm Peters wa ku Germany, amene adafufuza nyama za m'chigwa cha Zambezi cha ku Sena ndi ku Tete m'zaka za m'ma 1840. Pa atatuwa, uyu ndiye amafanana kwambiri ndi abale a m'chipululu aja. Ndi wamng'ono, wotuwa ngati dothi, wa timinga pamsana ndi m'mbali mwa mutu. Amabisala m'mauna ndi pansi pa miyala, ndipo akangoti phee pa nthaka youma mukhoza kumuponda osamuona.

Tsiku la gulo wa mumtengo

Akuluakulu adati kuona maso a nkhono n'kudekha. Pa tchuthi ndimakonda kukhala chapatali ndi mtengo wa mkuyu kapena wa mango ndi kumaonerera zimene gulo amachita, ndipo aliyense angathe kuyesa zomwezi.

M'mawa amatuluka mumphako kapena pansi pa khungwa pamene adagona, ali wotuwa ngati mtengo womwewo. Amakhala mbali ya thunthu imene kukuwomba dzuwa. Akafunda, mtundu umayamba kuwala. Pamenepo amayamba kusaka, koma kusaka kwake n'kodikira: amakhala duu, mutu utaloza pansi, mpaka kachilombo kadutse. Amadya nyerere, chiswe, zikumbu, ziwala ndi mbozi. Nthawi ya ngumbi amatsika pansi kudzatola, kenaka n'kuthamangiranso mumtengo. Mukamuyandikira amazungulira kuseri kwa thunthu, inu mukazungulira iyenso azungulira, uku akukwera m'mwamba.

Nanga kugwedeza mutu kuja n'kutani? Ena amaseka kuti gulo amavomera zilizonse. Zoona zake n'zakuti kumeneko ndiko kulankhula kwake. Wamwamuna amakhala ndi mtengo wake kapena mitengo ingapo imene amailamulira. Pogwedeza mutu wowalawo amauza amuna anzake kuti pano pali mwini, ndiponso amakopa akazi. Nchifukwa chake mutu umawala kwambiri m'nyengo yotentha, pamene akufuna kuswana. M'miyezi yozizira ya Juni ndi Julayi saonekaoneka, ndipo akaoneka amakhala wosawala.

Mvula ikayamba, wamkazi amatsika pansi ndi kukumba kadzenje m'dothi lachinyezi. Amaikiramo mazira a chikopa chofewa, kuyambira 5 mpaka 14, n'kukwirira bwinobwino. Safungatira ayi, kutentha kwa nthaka ndiko kumagwira ntchitoyo. Pakatha masiku pafupifupi 90 tiana timaswa, ndipo kuyambira tsiku lomwelo timadzisakira tokha. Tambiri timadyedwa ndi mbalame, njoka ndi amphaka tisanakule.

Kodi gulo ali ndi ululu?

Yankho ndi lakuti ayi. Palibe gulo wa m'dziko muno amene ali ndi ululu wopha kapena wodwalitsa munthu. Chimene chimaopsa anthu ndi machitidwe ake akapanikizika. Amayasamula kukamwa kwambiri kuonetsa m'kamwa mofiirira, amadzitukumula, ndipo ukamugwira amaluma ndithu, pakuti kutsogolo ali ndi mano awiri osongoka ngati a galu. Bala lake limapweteka ndipo likhoza kutuluka magazi, koma mankhwala ake ndi kutsuka ndi sopo ndi madzi oyera, monga timachitira ndi bala lina lililonse. Gulo sathamangitsa munthu. Amaluma yekhayo amene wamugwira.

Tikaganiza bwino, gulo ndi mnzake wa mlimi. Chiswe chimene chimagwetsa chimanga ndi kudya mitengo ya denga, mbozi zimene zimawononga ndiwo zamasamba, ziwala zimene zimadula mbewu zongomera, zonsezi ndi ndiwo zake. Ntchitoyi amaigwira tsiku ndi tsiku osalipidwa, pamene mankhwala ophera tizilombo timagula ndi ndalama zambiri.

Malo ake akutha

Tanena kale kuti thupi la nyama iliyonse n'logwirizana ndi malo ake. Tanthauzo lake n'lakuti malowo akawonongeka, zida zonse za nyamayo zimasanduka zopanda ntchito. Uromastyx wopanda una angapse ndi dzuwa tsiku limodzi. Moloch wopanda nyerere angafe ndi njala. Chimodzimodzinso gulo wa mumtengo: zikhadabo zake n'zokwerera, khungu lake n'lofanana ndi khungwa, pogona pake ndi mumphako. Iye amafuna mtengo waukulu, wakale, wa makungwa okhakhala. Ukamudulira mtengo, wamulanda nyumba, munda ndi linga nthawi imodzi.

Makolo athu amene mukuwerenga nkhaniyi mungachitire umboni za mmene dera lathu lasinthira. Kumene kudali mitondo, misuku ndi miwanga, lero kuli minda yokhayokha. Mitengo yapita ku zigafa za fodya, ku mauvuni a njerwa, ku nkhuni ndi ku makala. Aliyense woyenda pa msewu wa ku Mitundu amakumana ndi njinga zosenza matumba a makala kupita mumzinda wa Lilongwe. Nkhalango ya Dzalanyama, kumene kumachokera mtsinje wa Lilongwe, idawonongeka mpaka boma lidatumizako asilikali m'chaka cha 2015 kuti akaiteteze. M'midzi yambiri, mitengo ikuluikulu yachilengedwe yatsala kumanda kokha.

Gulo wapansi naye ali ndi mavuto ake. Moto umene timatentha tchire m'chilimwe posaka mbewa umapha iye pamodzi ndi tizilombo timene amadya. Wa pathanthwe amasowa pobisala miyala ikaphwanyidwa kuti ikagulitsidwe kwa omanga nyumba.

Wina angafunse kuti, kodi gulo akatha ife titaya chiyani? Funsoli n'lomveka, makamaka kwa munthu amene akudula mtengo chifukwa ana ake alibe chakudya. Sindikunena kuti gulo aposa mwana wa munthu. Koma mtengo umene gulo amagonamo ndi womwewo umene umagwira nthaka kuti isakokoloke, umene umathandiza madzi kulowa pansi kuti zitsime zisaphwe, umene umatipatsa masuku, mthunzi ndi mankhwala. Pamudzi pakasowa gulo, ndiye kuti pasowa mitengo, ndipo posakhalitsa pasowanso madzi ndi nkhuni. Chaona mnzako chapita, mawa chili kwa iwe.

Pomaliza

Ndikupempha zinthu zitatu zimene sizilira ndalama. Kwa anzanga ophunzira: tikapita ku tchuthi tiwafotokozere ang'ono athu kuti gulo alibe ululu, ndipo legeni asamayesere pa iye. Kwa makolo athu: polima kapena pomanga, tisiyeko mtengo umodzi kapena iwiri ikuluikulu pamunda ndi pakhomo, ndipo zitsa zikaphukira tizisamale kuti zikule. Kwa abambo ansembe ndi aphunzitsi athu: nyengo yodzala mitengo ya dziko lino, imene imayamba pa 15 Disembala ndi kutha pa 15 Epulo, ikafika, tisadzale bulugamu yekha wa makungwa oterera, koma tisakanizeko mibawa, mikuyu, misangu ndi mitengo ina ya makolo.

Mtengo wodzalidwa chaka chino udzatenga zaka zambiri kuti ukhale ndi mphako yogonamo gulo. Ambiri a ife tidzakhala titachoka pano, ena ku maparishi, ena ku ntchito zina. Koma ana amene adzakhale pansi pa mtengowo adzamuona ndi maso awo akugwedeza mutu wake wobiriwira, m'malo mongomva kwa agogo kuti kale kudali kanyama kotchedwa gulo.